Blantyre amakumbuka mwini sitolo, wosenza katundu adamuiwala

Kondakitala akamakuwa kuti "Kandodo! Ginnery! Limbe!" ambirife timangomva siteji yotsikira. Koma mayina amenewa ndi kaundula wa malonda a mumzinda wa Blantyre, ndipo wa geni amene angawawerenge bwino atolapo nzeru yotetezera mpamba wake.

Tiyambire ku Mandala. Nyumba yosanja imene ili kumeneko idamangidwa mu 1882 ndi kampani ya African Lakes, imene idayambira ku Glasgow mu 1878. Oyendetsa kampaniyi adali pachibale, John ndi Frederick Moir. John ankavala magalasi, choncho anthu adamutcha Mandala, ndipo dzinalo lidakakamira sitolo, msewu ndi dera lonse. Nalo la Kandodo akuti lidachokera kwa mzungu wa sitolo amene ankayendera ndodo. Sitolo za Kandodo zidatsekedwa kalekale, koma mpaka lero anthu akutsikirabe "pa Kandodo".

Nanga katundu wa m'sitolozo ankafika bwanji? Apa mpamene makoma akhala chete. Nthawi imeneyo kudalibe njanji kapena lole. Sitima zapamadzi zinkakwera mtsinje wa Shire n'kudzaima pa Katunga, kufupi ndi Chikwawa, chifukwa kumtunda kwake kuli mathithi. Kuchokera apo, nsalu, mchere, mikanda ndi zitsulo zinkakwera chitunda chija cha ku Chikwawa pamitu ya anthu, mtolo umodzi wolemera pafupifupi makilogalamu 25. Zina zinkatsala ku Mandala, zina n'kupitirira ku Matope kukakweranso sitima yopita kunyanja. Anthuwa ndiwo amtengatenga. Poyamba malipiro awo adali nsalu, ndipo msonkho wa nyumba utabwera, ambiri ankasenza kuti apeze ya msonkhoyo. Blantyre adakula chifukwa adali pakati pa njira yawo, komabe mungazungulire Victoria Avenue yense osapeza khoma lolembedwa dzina la mmodzi mwa iwo.

Amalonda achikuda nawo adalipo. Duncan Njilima adali ndi sitolo zake, koma adanyongedwa mu 1915 pomuganizira kuti adali nawo pa kuukira kwa John Chilembwe. Lero ndi angati odutsa m'tauni amene adamvapo za iye?

Dzina lina ndi Wenela. Pamene timakwerera mabasi paja padatenga dzina la bungwe lolemba anthu ntchito za m'migodi ya ku Joni. Abambo ambiri amene adabwerako ndi njinga, makina osokera ndi kampamba koyambira okala adadzera m'manja mwa bungweli. Mu 1974 ndege yonyamula anthu a kumigodi idagwa ku Francistown, m'dziko la Botswana, n'kupha Amalawi oposa 70, ndipo Kamuzu Banda adaimitsa kulembako. Dzina latsala padepoti, nkhani yake idapita ndi eni ake.

Tsono zikutikhudza bwanji ife a pabenchi?

Choyamba, malonda amatsata phazi. Njanji itafika ku Blantyre mu 1908, ntchito ya amtengatenga panjira ya kumunsi idayamba kuzilala, ndipo Limbe, kumene kudakhazikika likulu la njanji ndi fakitale ya fodya ya Imperial Tobacco, adakula mpaka kuphatikizidwa ndi Blantyre mu 1956. M'zaka za m'ma 1970, boma litalamula amwenye kuti achoke kumidzi, sitolo zambiri za m'matiledingi senta zidatsala zotseka, ndipo oodetsa adaunjikana m'matauni ngati Limbe. N'chifukwa chake mpaka lero wa golosale wa ku Thyolo kapena ku Chiradzulu amalawirira ku Limbe kukaoda. Musanalipire lendi ya malo atsopano, musafunse za kukongola kwa nyumba. Khalani pamenepo tsiku lathunthu, muwerenge odutsa m'mawa, masana ndi madzulo, ndipo mufunse ngati siteji ya minibasi siili pafupi kusamutsidwa. Siteji ikasuntha, makasitomala amasamuka nayo tsiku lomwelo.

Chachiwiri, mzinda umakumbuka amene ali ndi pepala. Mbiri ya Mandala ikudziwika chifukwa kampaniyo inkalemba makalata ndi mabuku a ndalama. Wosenza katundu sadasiye kalikonse. Amene adalipo mu 2006, boma litachotsa mavenda m'misewu, akudziwa kuti zaka khumi zogulitsa pakhonde la sitolo sizikhala umboni pa tsiku la chipwirikiti. Sungani ziphaso za msika zimene khonsolo imakudulirani tsiku ndi tsiku, muzimange mwezi ndi mwezi m'kapepala ka pulasitiki, ndipo zizikhala kunyumba osati pabenchi pamene moto kapena mvula ingazipeze. Onetsetsani kuti dzina lanu, osati la amene adakusiyirani malo, ndilo lili m'kaundula wa komiti ya msika. Ngati mukuchita lendi benchi kapena kontena, lemberanani pamaso pa mboni ziwiri, ngakhale mwini wake akhale mlamu wanu. Pogawa malo atsopano, kapena popempha ngongole, timapepala timeneti ndito timakuyankhulirani.

Chachitatu, musapeputse dzina limene makasitomala akupatsani. John Moir sadadzitche yekha Mandala. Ngati anthu amati "kwa mayi a chitenje chofiira" kapena "pa Achimwene a sikelo yoona", lembani lomwelo pachikwangwani. Mukasamutsidwa, benchi imatsala koma dzina limakutsatani, ndipo kasitomala amafunsira njira ndi dzinalo.

Pomaliza, mumsika uliwonse muli agogo amene adayamba geni ndalama isanasinthe kuchoka ku mapaundi kupita ku kwacha mu 1971. Amadziwa pamene padali msika wakale, amene adagawa mizere, ndi chifukwa chake a usipa ali kumene aliko. Akuluakulu ndi m'dambo mozimira moto. Komiti yanu igule kope limodzi, ikhale nawo pansi masana amodzi malonda akazizira, ilembe zaka, mayina ndi malire a malo. Mlandu wa malo ukadzabuka, kope limenelo lidzakhala pa tebulo.