PENSHONI IKACHEDWA, KODI MUCHITE CHIYANI?

M'midzi yathu ya m'mbali mwa nyanja, kuyambira ku Dwangwa kufikira ku Chia, muli aphunzitsi, alangizi, anamwino ndi amesenjala amene anapuma ntchito ya Boma nabwerera kwawo kudzagwira khasu. Ambiri amafika akuyembekeza kuti ndalama zopumira zikabwera agula feteleza, malata kapena bwato. Koma miyezi imatha, mvula imagwa, anzawo awoka mpunga, ndalama osaoneka. Kodi munthu wotere achite chiyani?

Choyamba, dziwani kuti penshoni si mphatso ayi. Ndi thukuta lanu. Lamulo la penshoni la mu 1 June 2011, limene linalowedwa m'malo ndi lina mu 2023, linalamula kuti wolemba ntchito aziika K10 pa K100 iliyonse ya malipiro, wantchito naye K5. Antchito akale a Boma amalipidwa ndi Boma lenilenilo, pamene achinyamata anayamba kusonkha ku thumba lawolawo mu 2017. Njira ziwiri, koma mwini ndalama ndi mmodzi.

Kuchedwa kuli ndi mtengo wake. Mu May 2022 kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 25 pa 100, ndipo mu November 2023 inatsitsidwanso ndi 44 pa 100. Munthu amene anadikira zaka ziwiri zimenezi analandira ndalama zake zomwezo, koma matumba a feteleza amene anagula anali ochepa. N'chifukwa chake sikoyenera kukhala chete.

Milandu yotereyi si yachilendo m'dziko muno. Gulu la Malawi Young Pioneers linathetsedwa pambuyo poti asilikali alilanda zida mu December 1993. Patapita zaka zoposa 20, mu 2017, ena mwa anthu akewo anali akugonabe pa Memorial Tower ku Lilongwe, kufunsa ndalama zawo. Chimodzi chimene chinavuta chinali kutsimikiza amene analidi pa ntchito. Nawonso antchito zikwizikwi a ADMARC, msika umene mlimi aliyense amaudziwa, anachotsedwa ntchito itatsekedwa mu 2022, ndipo anakasuma ku khoti la za ntchito. Phunziro lake ndi ili: wokhala ndi makalata, ndiponso woyenda pamodzi ndi anzake, ndiye amamveka.

Tsono sungani bwino kalata imene anakulemberani nayo ntchito, makalata okukwezani, mapepala a malipiro, kalata yopumira ndi chitupa chanu cha unzika. Kuno kunyanja chiswe ndi chinyezi ndi adani aakulu a pepala. Ikani zonse m'pepala lapulasitiki, m'chitini chotseka, pamalo okwera. Lembaninso mayina a mkazi kapena mwamuna wanu ndi ana pa fomu ya olandira, kuti mukatisiya amasiye asadzakangane ndi achibale.

Ndalama zikachedwa, yambani ndi ofesi imene munkagwirako. Lembani kalata, musunge inzake, ndipo mulembe tsiku. Mawu apakamwa amauluka. Akapanda kuyankha, pitani ku ofesi ya za ntchito pa Boma la Nkhotakota. Ofesi ya Ombudsman nayo imamva madandaulo a anthu amene maofesi a Boma awachedwetsa, ndipo siilipiritsa. Zonsezi zikalephera, khoti la za ntchito lilipo ku Lilongwe, Mzuzu ndi Blantyre. Amene alibe ndalama za loya akafunse ku Legal Aid Bureau. Musazengereze, pakuti mlandu wogonera umavuta. Ndipo chenjerani ndi aliyense wonena kuti mumupatse kangachepe kuti fayilo yanu iyende: chimenecho ndi chiphuphu.

Pomaliza, mawu a ulimi. Akuluakulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno. Musakongole katapila podalira ndalama zimene simunazigwire, ndipo musapinyolitse munda kapena ukonde. Dzalani chinangwa mvula yoyamba, pakuti sichifuna feteleza ndipo kondowole sasowa pakhomo. Pangani manyowa, fesani nazale ya mpunga pa nthawi yake, wetani nkhuku ndi mbuzi. Mlandu uziyenda ku ofesi, khasu nalo liziyenda m'munda. Inu mafumu ndi onse odziwa kuwerenga, awerengereni mawu awa makolo athu amene akudikira.