Chifukwa chake ntchito ya zitupa za unzika imaima makina akamakonzedwa

Unduna ukufuna kufotokozera anthu a ku Guilleme ndi madera ozungulira m'boma la Mchinji zimene zimachitika akauzidwa pa ofesi kuti makina akukonzedwa, komanso chifukwa chake ntchitoyo nthawi zina imadutsa nthawi imene inalengezedwa.

M'kalembera wa chaka cha 2017, bungwe la National Registration Bureau linalemba anthu oposa 9 miliyoni. Kaundula wamkulu chotere sasungidwa pa kompyuta imodzi. Amasungidwa pa makompyuta akuluakulu angapo, otchedwa maseva, amene amagwira ntchito mogwirizana: zimene zalembedwa pa imodzi zimakoperedwa pa zinzake.

Mapulogalamu a masevawa amafunika kuikidwa zigamba nthawi ndi nthawi, pofuna kutseka mipata imene akuba a pa intaneti angalowerepo. Akatswiri amakonza seva imodzi, zinzake zikugwirabe ntchito, kenako n'kupita pa ina.

Chigamba chimatha kukana pa zifukwa zingapo: malo osungira zinthu mu seva adzaza, magetsi kapena netiweki yaduka ntchito ili mkati, kapenanso seva yokonzedwa yasiya kumvana ndi zinzake zimene zikadali ndi pulogalamu yakale. Choopsa kwambiri n'chakuti maseva awiri atha kuyamba kulandira mayina payekhapayekha, mbiri ya munthu mmodzi n'kukhala yosiyana pawiri.

Zikatero, akatswiri amaimitsa kaye kulemba. Amawerenga kaundula wa zolakwika amene makina amasunga okha, amapatula seva yovutayo, amachotsa chigambacho n'kubwezeretsa pulogalamu yakale. Kukafunika, amatenga mbiri imene anasunga padera ntchito isanayambe. Ntchito imatsegulidwanso pokhapokha atatsimikiza kuti maseva onse ali ndi mbiri yofanana. Kuthamanga sikufika: kudikira tsiku limodzi n'kwabwino kusiyana ndi kukanidwa ku banki kapena pogula feteleza wotsika mtengo chifukwa cha chitupa cholakwika.

Choncho Unduna ukupempha anthu kuti:

1. Asunge bwino kapepala kamene analandira polembetsa.
2. Asalembetsenso kachiwiri, chifukwa kutero kumangochedwetsa chitupa chawo.
3. Asapereke ndalama kwa aliyense wonena kuti awathandiza mwachidule, ndipo akanene munthu wotere ku polisi.
4. Ayambe afunsa ku ofesi ya bwanamkubwa asanawononge ndalama ya ulendo wopita ku Mchinji boma.



Ofesi ya Mneneri wa Unduna