Mzukwa wopanda mau suopsa

Mukakwela basi ya ku Chelstone pa Kulima Tower madzulo, muziyang'anako ku mpando wa kumbuyo. Kawili-kawili mudzapeza mnyamata atagwila foni copingasa, zala zikuthamanga, osamva ngakhale ba kondakita akuitanitsa ndalama. Si Facebook iyo. Mwanayo ali ku Silent Hill, akuthawa zilombo, ife tili pa jamu pa Great East Road.

Magemu amenewa ndi akale kuposa ambili amene akuwasewela. Resident Evil inatuluka mu 1996 pa PlayStation, Silent Hill yoyamba mu 1999. Sony inabweletsa PSP, kamakina ka m'manja, mu 2004, ndipo Silent Hill: Origins inalowa mmenemo mu 2007. Nthawi imeneyo ife a ku Kabwata tinali kungomvela kuti ana a ku Kabulonga ndi Woodlands ali nako. Manje zinasintha. Mu 2012 Henrik Rydgård wa ku Sweden anatulutsa PPSSPP, pulogalamu yaulele imene imacititsa foni ya Android kugwila nchito ngati PSP.

Vuto ni bundle. Kadisiki ka PSP kamanyamula mpaka 1.8 GB, ndiye ndani angaoche data yonseyo pa gemu imodzi? N'cifukwa cake anyamata amasaka ma failo olembedwa kuti “highly compressed”, n'kumapatsana pa Xender.

Koma kupanikiza kuli pawili, ndipo inu okwela basi mudzamva mwamsanga. Failo ya CSO kapena ya zip ili ngati kondakita wotipanikiza anayi-anayi pa mpando: tafinyika, koma tonse tifika. Inayo, yocepa modabwitsa ija, ni kondakita amene watsitsa anthu panjila kuti basi ipepuke. Amene amatsitsidwa ni nyimbo, mau a anthu ndi tumafilimu tofotokoza nkhani.

Pa gemu ya bola zilibe kanthu, mungasewele popanda wolengeza. Pa gemu yoopsa mwapha zonse. Mu Origins, woyendetsa thilaki Travis Grady amayenda m'nkhungu yoti suona patali, ndipo cimamucenjeza ni wailesi imene imayamba kusokosa cilombo cikayandikila. Onjezani nyimbo za Akira Yamaoka, zomveka ngati wina akukhoma malata usiku. Ine ndaseweleko mitundu yonse iwili. Yathunthu, ndi ma earphone, malaiti atapita, inanditsekeletsa citseko kawili. Yodulidwa inali cabe mdala akuzungulila m'cipatala copanda anthu.

Palinso cina. Makope amenewa si Konami kapena Capcom amene amawagawa, ndiye palibe wokuyankhilani zikavuta. Gemu ya PSP imabwela ngati ISO kapena CSO. Mukaona “gemu” ikuti muike APK, kenako ikupempha kuwelenga ma SMS anu, ifafanizeni pamenepo. Foni imeneyo ndi imene mumasungila mobile money ya lendi.