Sewanee mu 1899: masewero asanu m'masiku asanu ndi limodzi

Pamwamba pa phiri m'chigawo cha Tennessee ku United States pali sukulu yaukachenjede yotchedwa University of the South, koma aliyense amangoti Sewanee. M'chaka cha 1899 ophunzira ake anali opitirira pang'ono 300. Kagulu kameneka n'kamene kanatulutsa timu yomwe inachita zinthu zimene sukulu zikuluzikulu, za ophunzira zikwizikwi, zalephera kuzifikira mpaka lero.

Mpira wake ndi uja wa ku America, wooneka ngati dzira, wothamanga nawo uli m'manja kwinaku anzako akukugwetsera pansi. Nthawi imeneyo unali wankhanza kuposa lero. Kuponyera mnzako mpira kutsogolo kunali koletsedwa mpaka 1906, ndiye njira yopitira kutsogolo inali kugundana chifuwa ndi chifuwa basi. Osewera omwewo ankaukira, omwewonso ankatchinga, ndipo wotuluka m'bwalo chifukwa chovulala sankaloledwa kubwereranso.

Sewanee inasewera masewero 12 n'kupambana onse. Inapeza mapointi 322, adani ake onse pamodzi n'kupeza 10 okha. Georgia inagonja 12-0, Georgia Tech 32-0, Tennessee 46-0. Zimenezi zokha n'zokwanira kuti timu ikumbukiridwe, komabe chimene chimandidabwitsa ine ndi ulendo wa mwezi wa Novembala.

Chiyambi chake chinali ndalama. Sewanee inkadalira kwambiri zolowera pachipata ikamasewera ndi Vanderbilt, koma chaka chimenecho sukulu ziwirizi zinalephera kumvana za kagawidwe kake, masewerowo n'kulephereka. Woyendetsa zinthu za timuyi, wophunzira wa zaka 20 dzina lake Luke Lea, anaganiza zokatolera ndalamazo kwina. Anakonza ulendo wa sitima yapamtunda wa makilomita pafupifupi 4,000. Munthu wamkulu woganiza bwino sakanalola ndandanda ngati imeneyo.

Pa 9 Novembala anali ku Austin, anagonjetsa Texas 12-0. Anagona m'sitima, kutacha pa 10 anatsikira ku Houston n'kukwapula Texas A&M 10-0. Pa 11 anafika ku New Orleans, Tulane inaona zakuda, 23-0. Tsiku lotsatira linali Lamulungu, ndipo popeza sukuluyi ndi ya mpingo wa Episcopal, anapuma. Lolemba pa 13 ku Baton Rouge anaswa LSU 34-0, Lachiwiri pa 14 ku Memphis n'kumalizitsa ndi Ole Miss 12-0. Kuphatikiza zonse, 91 kwa 0. Mizinda isanu, matimu asanu omwe anali atapuma bwinobwino akudikira alendo otopa, koma palibe ndi imodzi yomwe inapeza ngakhale pointi imodzi. Mbiri imeneyi sidzaposedwa, chifukwa masiku ano matimu amasewera kamodzi pa sabata ndipo palibe dokotala angalole anyamata kuchita zoterozo.

Tinthu ting'onoting'ono ta ulendowu ndi timene timaonetsa mmene zinalili. Ananyamula migolo ya madzi a pakasupe wa kuphiri kwawo poopa kudwala ndi madzi achilendo. Mtsogoleri wa osewera, Henry Seibels, amene anzake ankamutcha Diddy, anang'ambika pamphumi pamasewero a Texas. Anangomumata balalo, magazi ali chuchuchu, iye n'kupitiriza kuthamanga. Ndiye panali Cal Burrows, bambo wachikuda amene ankasisita ndi kuthowa matupi a osewerawo sitima ikuyenda usiku, kuti m'mawa athe kuimirira. Anthu akamasimba nkhaniyi amathamangira kutchula Lea ndi mphunzitsi Billy Suter. Ine ndimaona kuti popanda manja a Burrows, miyendo ija sikanafika ku Memphis, ndipo n'zomvetsa chisoni kuti kwa zaka zambiri dzina lake linkangodumphidwa.

Atabwerera kwawo anakantha Cumberland 71-0, chigonjetso chawo chachikulu kuposa zonse chaka chimenecho. Masewero ovuta kwambiri anali a pa 30 Novembala ku Montgomery, pokumana ndi Auburn yomwe mphunzitsi wake anali John Heisman, yemwe dzina lake lili pa chikho chopatsidwa kwa wosewera wopambana m'masukulu aukachenjede. Sewanee inapulumukira mkamwa mwa mbuzi, 11-10. Mapointi 10 aja amene adani anapeza m'chaka chonse ndi omwewa. Patangodutsa masiku awiri, ku Atlanta, anatseka chaka pogonjetsa North Carolina 5-0, mapointi onse asanu atachokera pa kumenya kumodzi kokha kwa mwendo.

Sukulu zina zazing'ono nazo zili ndi mbiri zawo. Centre College ya ku Kentucky inagonjetsa Harvard 6-0 mu 1921, pa nthawi imene Harvard inali chimphona chosakhudzika. Washington & Jefferson inafika ku masewero akuluakulu a Rose Bowl a 1922 n'kulepherana ndi California 0-0, osewera ake 11 omwewo kuyambira poyamba mpaka pomaliza. Cumberland ija ndiyo ili ndi mbiri yowawa kuposa onse: pa 7 Okutobala 1916 inagonja 222-0 kwa Georgia Tech ya Heisman yemweyo. Sukuluyo inali itasiya kale mpira, koma inakakamizika kutolera anyamata wamba kuti isalipe chindapusa chophwanya pangano. Pofika pakati pa masewero zinali kale 126-0.

Sewanee nayo ulemerero sunaikhalire. Mpira utasanduka malonda a mabwalo akuluakulu ndi ndalama zambiri, sukulu yaing'ono ya paphiri sinathenso kupikisana. Inali m'gulu la sukulu zoyambitsa ligi ya Southeastern Conference mu 1932, limodzi ndi matimu ena amene inawagonjetsa mu 1899. M'ligi imeneyo inasewera masewero 37 n'kugonja onse, ndipo mu 1940 inatulukamo. Lero imasewera m'gawo la Division III, mmene osewera sapatsidwa mwayi wophunzira ulere chifukwa cha mpira.