Kodi J90 Ndi Chiyani? Zimene Ndinaphunzira Papepala la Amalume

Anzanga, tchuthi chapitachi amalume anga anabwera kuchokera ku Joni ataonda zedi. Akangoyenda kuchoka pakhonde kufika pankhokwe, befu. Akatsokomola ankagwira m'nthiti ngati wina wawabaya ndi mpeni. M'chikwama mwawo munali mapepala awiri a chipatala cha ku Johannesburg, ndipo poti wasukulu pakhomo pathu ndine, amayi anandipatsa kuti ndiwerenge. Koma chizungu chake! Ndinangotolapo zinthu ziwiri basi: papepala loyamba panalembedwa J90, palachiwiri A15.6.

Amayi ankayesa kuti J90 ndi ngongole imene amalume anasiya kuchipatala. Agogo aakazi ankati zamapepala tizisiye, mwana wawo achita kumulodza anzake a kuntchito. Agogo aamuna ndiye anatsala pang'ono kupichirira fodya pepala limodzi. Mwamwayi amayi anakakamira kuti tipite kuchipatala cha boma, ndipo ine ndinaperekeza nditanyamula mapepala aja.

Adokotala atangoona manambalawo anafunsa kuti, "Bambo, mankhwala a TB mukumwabe?" Amalume anazyolika. Anati mankhwala anawathera ali m'njira, ndipo poti ankamvako bwino sanaone chifukwa chofunira ena. Ine ndinadabwa kuti adokotala adziwa bwanji za TB munthu asanayambe n'kufotokoza komwe. Ndinalimba mtima n'kufunsa. Zimene anandiuza, pamodzi ndi zimene ndinafunsa aphunzitsi a Biology titatsegulira, ndi izi.

Amene munaonapo mbuzi ikutumbulidwa mukudziwa kuti mapapo ake amakhala osalala, onyezimira. Chimene chimanyezimiracho ndi nembanemba yopyapyala yokuta mapapo. Ifenso tili nayo, ndipo madokotala amaitchula kuti pleura. Ili pawiri: ina imamatirira kumapapo, ina imayala mkati mwa nthiti. Pakati pake pamakhala timadzi tochepa kwambiri, tothandiza kuti mapapo aziterereka bwino tikamapuma, ngati mafuta a tcheni cha njinga.

Pakati pamenepa pakhoza kuvuta m'njira zingapo. Madzi akhoza kuchuluka mpaka kupanikiza mapapo, munthu n'kumalephera kupuma. Pakhoza kudzaza mafinya. Pakhoza kulowa mpweya, phapo n'kufwamphuka ngati chubu choboola. Kapena nembanembayo ikhoza kutupa, ndiye ukamapuma zimakhulana, n'kumamva kubaya kuja.

Tsono manambala aja akubwera apa. Bungwe loona zaumoyo padziko lonse la WHO lili ndi mndandanda wa matenda wotchedwa ICD, momwe nthenda iliyonse ili ndi chilembo ndi nambala yakeyake. Zili ngati nambala ya mayeso a MANEB: mayina akhoza kufanana kapena kulembedwa molakwika, koma nambala imaloza munthu mmodzi. Mndandanda umene unagwiritsidwa ntchito papepala la amalume ndi ICD-10, womwe mayiko anayamba kuugwiritsa ntchito mu 1994. Watsopano wake, ICD-11, unayamba mu 2022.

Mu ICD-10 matenda a kapumidwe amayamba ndi chilembo J. Madzi ochuluka pakati pa nembanemba ija ndi J90. Mafinya ndi J86. Mpweya ndi J93. Chibayo chimene sichinadziwike kachilombo kake ndi J18. Pomwe matenda opatsirana amayamba ndi A kapena B, mwachitsanzo malungo ali pakati pa B50 ndi B54.

Nanga bwanji amalume anali ndi manambala awiri? Apa ndi pamene panandisangalatsa. Atangofika kuchipatala ku Joni anawajambula pachifuwa n'kupeza madzi, koma chimene chabweretsa madziwo chinali chisanadziwike. Madzi otere amabwera ndi zambiri: chibayo, vuto la mtima, khansa, TB. Ndiye analemba J90, kutanthauza kuti madzi alipo. Kenako anawalowetsa singano pakati pa nthiti, kupopa madziwo n'kukawayeza. Zotsatira zitatuluka nambala inasintha kukhala A15.6, kutanthauza TB ya pa nembanemba ya mapapo, yotsimikizika poyeza. Chikhala kuti anangoiganizira osaitsimikiza mu labu, akanalemba A16.5. Mwaona? Kanambala kakang'ono kakunena nthenda, malo ake m'thupi, ngakhalenso mmene anaidziwira.

N'chifukwa chake adokotala athu sanachite kuyamba pachiyambi. Kaya pepala lichokere ku Johannesburg, ku Tete kapena ku Harare, kaya lilembedwe m'Chizungu kapena m'Chipwitikizi, A15.6 ndi A15.6 basi. Manambala omwewa amathandizanso mayiko kuwerengera kuti nthenda yakuti yagwira anthu angati, kuti adziwe mankhwala oyenera kugula.

Koma adokotala anandichenjeza chinthu chimodzi. Anati, "Iwe, usakayambe udokotala kumudzi chifukwa waloweza manambala. Nambala siichiza munthu, ndipo salemba asanamuyeze." Amalume anawayezanso, n'kuwabwezera pa mankhwala. Mankhwala a TB amamwedwa miyezi isanu ndi umodzi osadukiza, ndipo m'zipatala za boma ndi aulere. Ukasiyira panjira nthenda ikhoza kubwerera itakhwima, yosamvanso mankhwala amene aja.

Panopa ntchito yanga m'mawa uliwonse, ndisanakwere njinga kubwera kuno, ndi kuonetsetsa kuti amalume amwa mankhwala. Befu uja wachepa, sabata yatha anafika mpaka kudimba.

Ambiri a ife tili ndi abale ku Joni, ndipo ena amabwera akudwala. Akabwera ndi mapepala a kuchipatala, chonde asakulungire matemba kapena kuyatsira moto. Aikeni m'pepala lapulasitiki pamodzi ndi buku la kuchipatala, ndipo popita kwa dokotala muwatenge onse, ngakhale amene inu simukuwamva.

Wophunzira wa Fomu 2