Mpira wa pa sikirini umene unayenda njira ya mzinga

Mukamasewera gemu pa foni, za mabomba a nyukiliya sizibwera n'komwe m'mutu. Koma magemu ena oyambirira anabadwa pa nthawi ya Cold War, pamene America ndi Soviet Union ankaopsezana ndi zida zoopsazi.

Mu 1958, William Higinbotham, katswiri wa fizikisi ku Brookhaven National Laboratory ku New York, anapanga gemu yotchedwa Tennis for Two. Mkuluyu anali atagwirapo ntchito ku Los Alamos, komwe anakonza nawo zipangizo zamagetsi za bomba loyamba la atomiki. Nkhondo itatha, ankalimbikitsa kuti zida za nyukiliya zisafalikire. Kompyuta imene anagwiritsa ntchito popanga gemuyi inkatha kuwerengetsa njira ya mzinga mlengalenga. Iye anaikonza kuti iziwerengetsa njira ya mpira, n'kumaionetsa pa oscilloscope.

Zinatheka bwanji? Ndi projectile motion ija mumaphunzira m'kalasi. Mpira ndi mzinga womwe injini yake yazima, zonse zimakokedwa ndi gravity. Pafupi ndi nthaka, liwiro lopita pansi limawonjezeka ndi mamita pafupifupi 10 pa sekondi, sekondi iliyonse, ndiye njira yake imapindika ngati uta. Masamu ake ndi amodzimodzi.

Mayiko awiriwa ankapikisananso zopita mlengalenga. Soviet Union inaponya Sputnik mu 1957, ndipo mu 1962 Steve Russell ndi anzake ku MIT anamaliza Spacewar!, gemu ya zombo ziwiri zowomberana uku zikukokedwa ndi nyenyezi yomwe ili pakati.

Mantha enieni anaonekera mu Missile Command, yomwe kampani ya Atari inatulutsa mu 1980. Wosewera amateteza mizinda 6 ku mizinga yogwa kuchokera kumwamba. Ukapulumuka gawo limodzi, mizinga imabwera yothamanga kuposa poyamba, mpaka mizinda yonse itatha psiti. Dave Theurer, yemwe anaipanga, anafotokoza kuti ankalota maloto oopsa a mabomba a nyukiliya akugwa.

Gemu yopanda wopambana imeneyi inkanena zoona. Mbali zonse ziwiri zinali ndi mabomba okwanira kubwezera ngakhale zitayamba kuomberedwa, choncho woyambitsa nkhondo akanawonongeka nayenso.

Equation siidziwa ngati ikuwerengetsa mpira kapena mzinga. Amene amasankha ndi munthu amene wagwira cholembera, ndipo mawa munthu ameneyo akhoza kukhala inu.