Makalata a Malemu: Gawo Lachiwiri

Wopanga mafilimu Đặng Nhật Minh anabadwira ku Huế, m'dziko la Vietnam, mu 1938, ndipo mafilimu anawalowera chakukhomo lakuseri, monga womasulira mafilimu a Chirasha. Bambo ake, a Đặng Văn Ngữ, dokotala wodziwika polimbana ndi malungo, anaphedwa ndi mabomba a ndege za America mu 1967 ali kutchire pa kafukufuku wa matendawo. Choncho pamene Minh ankalemba filimu ya Bao giờ cho đến tháng Mười, maliro a nkhondo sanali ongomva kwa ena.

Mufilimumo, mayi Duyên akubwerera kumudzi atamva kuti mwamuna wawo wafera kunkhondo. Ali pabwato akomoka n'kugwera mumtsinje, ndipo mphunzitsi Khang awavuula. Kunyumba apeza apongozi awo aamuna ali gone, matenda atawafoola. Awauze bwanji? Mayiyo apempha aphunzitsiwo kuti azilemba makalata ngati ochokera kwa malemuyo, nkhalambayo izimva kuti mwana wake ali moyo. Misozi mayiyo amakakhetsera kumbali, pamene mudzi wayamba kale manong'onong'o kuti awiriwa ali pachibwenzi.

Apa ndi pamene ndimamulemekezera Minh. Mafilimu ambiri a nthawiyo ankatamanda msilikali ali ndi mfuti m'manja. Iye anayang'ana amene anatsala pakhomo, mkazi wamasiye wosaloledwa n'kulira komwe. Lê Vân, amene anasewera ngati Duyên, chisonicho anachisenza ndi maso okha.

Filimu itatha mu 1984, akuluakulu oyendera mafilimu anakwinya nkhope. Chinawavuta ndi chigawo cha msika wausiku umene amoyo amakumana ndi akufa, pomwe Duyên aonana ndi mwamuna wake uja. Iwo ankati zimenezo n'zamizimu, zosayenera m'dziko la chipani cha Chikomyunizimu. Ankafuna chigawocho chidulidwe. Minh anachifupikitsa, koma kuchichotseratu anakana kwamtuwagalu, pakuti mtima wa nkhani yonse unali pamenepo.

Akuluakulu aja anaionera, n'kuioneranso. Ofesi iyi inkakankhira ku ofesi ina, mpaka filimuyo inayenderedwa maulendo 13. Komaliza kunabwera uthenga woti ikaonetsedwe kwa Trường Chinh, mmodzi mwa atsogoleri akuluakulu a dzikolo, munthu amene mawu ake amodzi akanatha kuitsekera m'kabati mpaka kalekale.

Tsikulo linafika, filimu inayamba, ndipo msika wa mizimu uja unali ukuyandikira. Kodi mkuluyo atauona ananena chiyani? Tikumane m'gawo lachitatu.